Ndege za Zitini pa Siyaso

Mdala Zvarevashe anabwera Lachiwiri
ndi buku lopanda chikuto m'jumbo ya shuga.
Iwe Mnyasa, akuti chitini chimakumvera.
Undipangire izi, mwa ndondomeko yake.
Ine pano ndimakhoma mbaula ndi ndowa,
koma lendi ya ku Mufakose sidziwa kudikira.
Ndinavomera.

Yoyambayo inandipusitsa.
Ndinkayesa chitsulo, iye akuti ayi,
pa nkhondo yoyamba ija Ajeremani ankauluka m'matabwa ndi nsalu,
mapiko atatu osanjikizana ngati mashelefu a m'golosale.
Munthu kukwera kumitambo m'chinthu choti telala angasoke!
Ndipo mfuti inkalavula kudutsa pakati pa pulopela ikuzungulira,
osakhudza thabwa lake.
Ndinatula hamala.
Alipo wina amene sanagone, kandulo ikutha, kuwerengera
kuti chipolopolo chisapweteke mtengo,
chikafike chamtunthu pachifuwa cha mwana wa mnzake.

Ina inali ya malata enieni, a mizeremizere,
ngati denga lodontha la kwathu.
Imeneyo manja anaizindikira okha.

Tinakangana pa Situka.
Mapiko opindika ngati mkono wolunzidwa molakwika,
miyendo yolendewera yosabwerera m'mimba,
ndiye anaimangirira chokuwa, akuti izilira potsika
kuti anthu afe kawiri, koyamba ndi makutu.
Mdalayo anayeserera kulirako ndi nkhama zake zopanda mano,
mpaka mayi wa maputi anatembenuka,
anyamata owotcherera mageti anazimitsa moto n'kuseka.
Uikemo kawezulo, anatero, mdzukulu wanga akondwa.
Ndinati sindiika.
Anati ndalama ndi yanga.
Ndinati chitini ndi changa.

Sindinamuuze za agogo anga a Chinkhuntha
amene anayenda wapansi kuchoka ku Ntcheu
n'kudzazula zitsa ku Cranborne, kusalaza bwalo
kuti anyamata achizungu aphunzirepo kuuluka
akakumane ndi zomwe ndikupindazi.
Mjeremani sanamuonepo.
Anaona fumbi, phoso wa ufa ndi mchere,
ndi kapitawo wodziwa mawu atatu a Chinyanja, onse otukwana.
Ndege ikadutsa, ngakhale atakalamba,
sankayang'ana kumwamba. Ankayang'ana zikhatho zawo.

Magetsi anathima Lachinayi lonse.
Ndinadula mapiko ndi sizasi, chala chikuchucha,
makombi akuitanira ku Mbare Musika.

Yomaliza ilibe pulopela n'komwe.
Mphuno yosongoka, migolo iwiri pansi pa mapiko,
liwiro loti anzawo ankangoona utsi.
Koma inabwera madzi atafika kale m'khosi,
mafuta atatha, oyendetsa odziwa atagona m'manda,
mabwalo ali maenje okhaokha.
Nzeru zonsezo, anatero Zvarevashe akupukusa mutu,
kuchoka pa nsalu kufika apa, zaka makumi atatu osakwana.
Kenako anatsitsa mawu:
akuti zambiri ankazikhoma akaidi, m'mapanga, pansi pa nthaka,
ali ndi njala, ena kugwa hamala ili m'manja.

Ndinatenga bukulo, ndinanyowetsa chala, ndinatsegula.
Muli kutalika kwa phiko, kulemera kwa bomba,
mahatchi a injini, nkhope za akuluakulu ovala mataye.
Ndinafunsa: nanga okhoma misomali ali tsamba liti?
Anati mwina linathothoka ndi chikuto.

Loweruka anabwera ndi madola ofewa ngati masamba ofutsa.
Ndinazimanga m'nyuzipepala, imodziimodzi.
Mitanda yakuda ndinapenta,
chizindikiro cha kumchira chija ndinasiya, sanafunse.
Pamimba pa yothamangayo pakuwerengekabe
mafuta ophikira, malita asanu.

Mdzukuluyo akadzaigwetsa, ikadzang'ambika,
adzapeza m'kati, pamene penti sinafike,
ndinakanda ndi msomali mayina awiri,
langa, Lufeyo,
ndi la munthu amene anazula zitsa.